Ku Getsemane Yesu ankapemphera kwa ndani? Tithandizane za Utatu Woyera

Nachisale_Mponela
Abale ndi alongo, ndithandizeni maganizo. Ndimaphunzitsa ana a kalasi pa mpingo wathu, ndipo Loweruka lapitali tinafika pa mutu wa Utatu Woyera. Ndinawauza monga tinauzidwira ife kale, kuti Mulungu ndi mmodzi, koma ndi Atate, Mwana ndi Mzimu Woyera. Mtsikana wina wa Fomu 2 anakweza mkono nkufunsa kuti, “Nanga ngati Yesu ndi Mulungu, ku Getsemane kuja ankapemphera kwa ndani? Ankadziyankhula yekha?” Ndisanapume nkomwe, mnzake anaponyapo lake: “Atamwalira Lachisanu lija, dziko ankaliyendetsa ndani mpaka Lamulungu?” Ine ndinangoti chimenecho ndi chinsinsi cha Mulungu. Anakhala chete, koma kunali kungondipatsa ulemu chabe. Inu mumachifotokoza bwanji chiphunzitso chimenechi? Komanso chili ndi phindu lanji kwa munthu wamba, kapena ndi nkhani ya abusa okhaokha?

Bambo_a_Chisomo
Mayi, musavutike. Atengereni kukhitchini mukawaonetse mafuwa. Mafuwa ndi atatu, moto ndi umodzi, mphika ndi umodzi. Chotsanipo fuwa limodzi muone ngati nsima ipsa. Ana amamva msanga ndi zooneka ndi maso.

Joni_Boy
Ana a masiku ano mafuwa akuwadziwa? Aja akulira pa mbaula kkkkk

MkuluWaMpingo_KU
Ine ndimawauza chonchi: ndine bambo kwa ana anga, mwamuna kwa mayi akunyumba, mphunzitsi kusukulu. Munthu mmodzi, maudindo atatu. Mulungunso chimodzimodzi.

Mbiri_ndi_Malemba
Ndi ulemu wonse akuluakulu awirinu, zitsanzo zonse ziwirizi mwana wochenjera uja azigwetsa pompo. Fuwa limodzi ndi gawo chabe la chitofu, palokha silikwanira. Koma mpingo suphunzitsa kuti Atate ndi gawo la Mulungu, Mwana gawo lina, Mzimu gawo lotsala. Aliyense mwa atatuwa ndi Mulungu wathunthu. Chitsanzo cha maudindo ndiye chikugwera m'dzenje lomwe mtsikanayo waloza. A Mkulu, inu ngati bambo simungagwade nkupempha inu nomwe ngati mphunzitsi kuti “kufuna kwanu kuchitike, osati kwanga.” Maganizo oti Mulungu ndi mmodzi wongosinthasintha maudindo anaphunzitsidwapo kale ndi munthu wina dzina lake Sabellius ku Roma cha m'ma 200, ndipo mpingo unawakana.

Mayi Nachisale, ine ndikanayamba ndi Baibulo lenilenilo. Limanena zinthu zitatu zomwe sizifuna kusiyidwa. Limati Mulungu ndi mmodzi yekha (Deuteronomo 6:4, Yesaya 45:5). Limatchula Atate kuti Mulungu, limatchulanso Yesu kuti Mulungu: Tomasi pa Yohane 20:28 akuti “Ambuye wanga ndi Mulungu wanga” ndipo Yesu sakumudzudzula. Pa Machitidwe 5:3-4 Petro akuuza Hananiya kuti wanamiza Mzimu Woyera, kenaka mu mpweya womwewo akuti wanamiza Mulungu. Komanso limaonetsa kuti atatuwa ndi osiyana: pa Yordano Mwana ali m'madzi, Mzimu akutsika ngati nkhunda, Atate akuyankhula kuchokera kumwamba, zonse nthawi imodzi (Mateyu 3:16-17). Chiphunzitso cha Utatu ndi njira yomwe mpingo unapeza yogwirira zitatu zonsezi popanda kuponya pansi nchimodzi chomwe.

Ndiye ku Getsemane Mwana ankapemphera kwa Atate ake, ndipo Atate si Mwana. Funso la mtsikanayo ndi umboni wa Utatu, likugwetsa okhawo amene amati Yesu ndiye Atate amene.

Nachisale_Mponela
Zikomo achimwene. Nanga la Lachisanu lija?

Mbiri_ndi_Malemba
Amene anakhomedwa pamtanda ndi Mwana, si Atate. Ndipo Mwanayo anafa mu umunthu umene anautenga m'mimba mwa Maria. Umulungu wake sunazime ayi. Ahebri 1:3 akuti zonse amazigwiriziza ndi mawu a mphamvu yake, ntchito imeneyo sinapite pa tchuthi.

Wofalitsa_Ndirande
Ine ndine wa Mboni za Yehova, ndiloleni ndiyikepo mawu mwaulemu. Tsegulani Baibulo lililonse kuyambira Genesis mpaka Chivumbulutso, mawu oti Utatu simuwapeza. Yesu mwiniwake pa Yohane 14:28 anati Atate ndi wamkulu kuposa iye. Pa Maliko 13:32 anati tsiku ndi ola sakulidziwa, akulidziwa ndi Atate okha. Pa Yohane 17:3 anatchula Atate kuti Mulungu yekha woona. Akolose 1:15 akuti iye ndi woyamba kubadwa wa chilengedwe chonse. Mulungu angakhale ndi chinthu chomwe sakuchidziwa? Anawo anafunsa bwino, chifukwa nzeru zawo sizinapotozedwe.

Mphepo_ya_Mwera
1 Yohane 5:7 mu Baibulo la Chingerezi la King James akuti alipo atatu ochitira umboni kumwamba, Atate, Mawu ndi Mzimu Woyera, ndipo atatuwa ndi mmodzi. Nkhani yatha, tiyeni tikagone.

Mbiri_ndi_Malemba
A Mphepo, vesi imeneyo isungeni m'thumba. Ine Utatu ndimaukhulupirira ndi mtima wonse, koma mawu amenewo m'mipukutu yakale ya Chigiriki mulibe. Katswiri wina wa Malemba dzina lake Erasmus posindikiza Chipangano Chatsopano cha Chigiriki mu 1516 sanawaikemo, anadzawaika m'kusindikiza kwachitatu mu 1522, ndipo King James ya 1611 inatengera kumeneko. Mabaibulo ambiri a masiku ano anawachotsa kapena amawaika m'munsi mwa tsamba. Mukaigwiritsa ntchito pamaso pa a Wofalitsa akusekani, ndipo adzakhala akulondola. Chiphunzitsochi sichinamangidwe pa vesi imeneyo. Amene anachiteteza m'zaka za m'ma 300 sanaitchule nkomwe.

Kadaulo_99
Ndiye mwavomereza nokha kuti anthu ankaonjezera zinthu. Zonsezi anapanga ndi Constantine, mfumu ya Roma, pa msonkhano wa mabishopu ku Nicaea pofuna kugwirizanitsa ufumu wake. Kenaka azungu anatibweretsera ife nkumeza osatafuna.

Mbiri_ndi_Malemba
Nkhani ya Constantine imazungulira kwambiri pa WhatsApp, tiyeni tiione ndi zaka zake. Msonkhano wa ku Nicaea unachitika mu 325, m'dera lomwe lero ndi tauni ya Iznik ku Turkey. Zoona, anauitanitsa ndi Constantine, ndipo chomwe iye ankafuna kwenikweni ndi bata mu ufumu. Koma zaka zoposa 100 msonkhanowo usanachitike, Tertullian, mlembi wachikhristu wa ku Carthage, komwe lero ndi Tunisia, anali atalemba kale za Utatu m'Chilatini. Ngakhale kale kuposa apo, cha m'ma 112, bwanamkubwa wachiroma Pliny, yemwe sanali mkhristu, analembera mfumu Trajan kuti akhristu amasonkhana m'mamawa nkumaimbira Khristu nyimbo ngati kwa mulungu. Constantine anali asanabadwe, agogo akenso anali asanabadwe.

Chomwe chinautsa mkangano ndi Arius, wansembe wa ku Alexandria ku Egypt, amene ankaphunzitsa kuti Mwana analengedwa, kuti inalipo nthawi pamene iye kunalibe. Mabishopu pafupifupi 300 anakumana, ena mwa iwo anali atapulumuka mazunzo omwe mfumu Diocletian anayambitsa mu 303. Anagwirizana kuti Mwana ndi wobadwa, osati wolengedwa, ndipo umulungu wake ndi womwewo wa Atate. Mabishopu awiri okha ndi amene anakana kusaina mpaka mapeto.

Tsono apa ndi pomwe nthano ya Constantine imathyoka mwendo. Patangopita zaka zochepa, nyumba yachifumu inayamba kukondera mbali ya Arius. Constantine mwiniwake anabatizidwa ali pafupi kumwalira mu 337 ndi Eusebius wa ku Nicomedia, mnzake wa Arius. Mwana wake Constantius anavutitsa otsatira Nicaea. Athanasius, bishopu wa ku Alexandria amene anaima nji pa chiphunzitsochi, anathamangitsidwa pa mpando wake kasanu. Chikanakhala chiphunzitso cha boma, bwenzi boma likumuteteza. Nkhaniyo inadzakhazikika mu 381 ku Constantinople, komwe anaonjezeranso mawu omveka bwino onena za Mzimu Woyera.

Za azungu: Tertullian wa ku Tunisia, Athanasius wa ku Egypt, Augustine wa ku Hippo ku Algeria. Arius amene ankatsutsayo nayenso anali wochokera ku Libya. Mkangano umenewu unaphikidwa mu Africa muno, Scotland ndi Holland uthenga usanafalikireko nkomwe.

Joni_Boy
Achimwene mwalemba buku lonse, bandulo yanga yatha ndili pakati kkkk

Msabata_wa_Makwasa
Kadaulo, ngakhale ife a Seventh-day Adventist, ena mwa oyambitsa mpingo wathu monga James White ankakana Utatu. Mpingo unasintha pang'onopang'ono pophunzira Malemba, ndipo zikhulupiriro zomwe unavomereza ku Dallas mu 1980 zimanena poyera za Atate, Mwana ndi Mzimu Woyera. Panalibe Constantine wotikakamiza.

Wofalitsa_Ndirande
Mbiri mwaifotokoza bwino, koma mavesi anga simunawayankhe.

Mbiri_ndi_Malemba
Zoona, ndibwererepo. Afilipi 2:6-8 akuti Khristu, ali m'maonekedwe a Mulungu, anadzikhuthula natenga maonekedwe a kapolo. Amene akuti “Atate ndi wamkulu” ndi amene wadzichepetsayo, akuyankhula usiku woti mawa lake apachikidwa. Akolose 1:15 muwerenge pamodzi ndi vesi 16, yomwe ikuti zinthu zonse zinalengedwa mwa iye. Ngati zonse zolengedwa zinadzera mwa iye, iye sangakhale m'gulu la zolengedwazo. Kukhala woyamba kubadwa m'Baibulo kumanenanso za udindo: Salimo 89:27 akutero za Davide, chikhalirecho Davide anali mzime kwa Jese. Yohane 17:3 ili pafupi ndi vesi 5, pomwe Yesu akupempha ulemerero umene anali nawo pamodzi ndi Atate dziko lisanakhalepo, pamene Yesaya 42:8 akuti Yehova ulemerero wake sapatsa wina.

Maliko 13:32 ndiyo yolemera pa onsewo, ndipo amene amati ndi yophweka sanaiganizire. Yankho la mpingo ndi loti Yesu anali munthu weniweni, wokula mu nzeru monga Luka 2:52 akunenera, womva njala, wotopa, ndipo mu umunthu umenewo panali zomwe sankadziwa. Mwina simukhutira nalo. Koma nanunso muli ndi katundu wanu: Tomasi akumutcha Mulungu wake, Stefano akupemphera kwa iye pofa, Chivumbulutso 5 zolengedwa zonse zikugwadira Mwanawankhosa pamodzi ndi wokhala pampando. Ngati iye ndi cholengedwa, kumwamba konse kukupembedza fano.

Wofalitsa_Ndirande
Kugwadira mfumu yoikidwa ndi Yehova si kupembedza fano. Koma ndayamikira kuti simunatukwane. Pa magulu ena bwenzi pano atanditchula kale mayina.

Gogo_wa_Chilobwe
Ana inu a Mboni musawatukwane ndithu. Ife tinaona ndi maso mmene anazunzikira muno ataletsedwa mu 1967 chifukwa chokana kugula khadi la chipani. Ambiri anathawira ku Zambia ndi ku Mozambique, chiletsocho chinadzachoka mu 1993. Chiphunzitso chawo sindigwirizana nacho, koma kulimba mtima kwawo ambiri a ife tilibe.

Kadaulo_99
Khadi lija ngakhale mwana wosabadwa ankamugulira, amatero akuluakulu.

Admin_Gulu
Tibwerere pa mutu chonde. Za ndale zili ndi gulu lake.

Wa_ku_Namwera
Ndine Msilamu, ndimawerenga zokambirana zanu mwakachetechete. Kwa ife nkhaniyi ndi yachidule. Surah 112 ikuti Allah ndi mmodzi, sanabereke ndipo sanaberekedwe. Surah 4:171 ikuti musanene kuti atatu. Isa mwana wa Mariam timamulemekeza ngati mneneri wamkulu, wobadwa mwa namwali. Funso langa lopanda chipongwe: Mulungu angakhale bwanji ndi mwana popanda mkazi? Ndipo 1 kuphatikiza 1 kuphatikiza 1 mumapeza bwanji 1?

Mayi_wa_Legio
Achimwene a ku Namwera, ifenso munthu atanena kuti Mulungu anakwatira Maria nkubereka mwana, tingamuuze kuti wanyoza Mulungu. Umwana wa Khristu sunayambire ku Betelehemu. Iye ndi Mwana kuyambira muyaya, Maria asanalengedwe, ndipo Maria sali mu Utatu. Za masamuzo, sitinena kuti milungu itatu ndi Mulungu mmodzi. Tikati mmodzi tikuyankha funso loti Mulungu ndi chiyani, tikati atatu tikuyankha loti ndi ndani. Ndikudziwa kuti pamenepa ndi pomwe njira zathu zimapatukana, sindikubisani.

Wa_ku_Namwera
Tasiyana ndithu, koma mwandiyankha bwino mayi.

Uthenga_wa_Madzulo
Nonsenu mukuzungulira. Atate, Mwana ndi Mzimu Woyera ndi maudindo, dzina lake ndi Ambuye Yesu Khristu. Machitidwe 2:38 Petro anati batizidwani m'dzina la Yesu Khristu. Ndionetseni munthu mmodzi m'buku la Machitidwe amene anabatizidwa m'maudindo atatu. M'bale Branham, mlaliki wa ku America uja, anaziulula kale izi. Amene munabatizidwa mwa Utatu mukabatizidwenso.

NaBanda_Area25
Apa ndiye mwandikhudza. Mng'ono wanga akufuna kukwatiwa ndi mnyamata wa mpingo wophunzitsa zomwezi. Akuti ukwati sungadalitsidwe pokhapokha abatizidwenso, ati ubatizo wake wa ku CCAP ndi wachabe. Mayi athu, amene akhala mu Chigwirizano moyo wawo wonse, sakudya nkomwe. Ankhoswe akumana koma palibe chomwe chatuluka. Ndiye amene mumati nkhaniyi ndi ya abusa okha, kwathu yalowa mpaka kuchipinda.

MkuluWaMpingo_KU
Pepani mayi. Mng'ono wanuyo akakambe ndi abusa ake asanavomere kanthu. Asabatizidwe chifukwa cha ukwati, akhale atamvetsa chomwe akukana ndi chomwe akulandira.

Mbiri_ndi_Malemba
A Uthenga, lamulo la Mateyu 28:19 anapereka ndi Yesu mwini. Luka mu Machitidwe akusiyanitsa ubatizo wachikhristu ndi wa Yohane, onani chaputala 19, ndipo kalembedwe kake kamasinthasintha: pena “Yesu Khristu”, pena “Ambuye Yesu”, kusonyeza kuti sakupereka mawu oti wobatiza azitchula. Kabuku kakale ka malangizo a mpingo kotchedwa Didache, ka m'nthawi yoyandikana ndi atumwi, kamalamula kubatiza m'dzina la Atate ndi la Mwana ndi la Mzimu Woyera. Gulu lobatiza m'dzina la Yesu lokha la masiku ano linayambira ku msonkhano wa Apentekoste ku California mu 1913, ndipo Assemblies of God inalikana mu 1916. Funso la Getsemane lija likudikira inu kuposa wina aliyense pano. Ngati Yesu ndiye Atate, “kufuna kwanu, osati kwanga” ankauza ndani?

Uthenga_wa_Madzulo
Thupi linkapemphera kwa Mzimu umene unali mwa iye.

Msabata_wa_Makwasa
Thupi silipemphera, amapemphera ndi munthu. Ndipo pa Yohane 17:24 akuti “munandikonda dziko lisanakhazikike.” Nthawi imeneyo thupi linali kuti?

Tiwonge_Leeds
Ndawerenga zonse, koma funso lachiwiri la mayi Nachisale likusiyidwa. Ine ndimagwira ntchito yosamalira okalamba usiku kuno. Ndikamapemphera pakati pa usiku, Nicaea ikundithandiza chiyani?

Mayi_wa_Legio
Tiwonge mwana wanga, ndikuyankhe monga ndimamvera ine. Ngati Yesu ndi cholengedwa, ndiye kuti Mulungu ataona mavuto athu anatuma wina kuti akavutike, iye nkukhala patali. Koma ngati Yesu ndi Mulungu Mwana, ndiye kuti Mulungu mwini analowa m'nyumba ya maliro, analira pa manda a Lazaro, anadziwa kuperekedwa ndi mnzake wodya naye mbale imodzi. Ndikakhala pa siwa ndi mayi amene wataya mwana, kusiyana kumeneku ndi kwakukulu kwambiri. Ndi chifukwa chake Athanasius analolera kuthamangitsidwa kasanu konse. Mfundo yake inali yoti cholengedwa sichingapulumutse cholengedwa chinzake nkuchilumikiza ndi Mulungu, angatero ndi Mulungu yekha.

Chinanso, timakonda kunena kuti Mulungu ndiye chikondi. Nanga asanalenge angelo ndi anthu ankakonda ndani? Akanakhala yekhayekha, bwenzi chikondi chake chikudikira kuti ife tilengedwe. Koma Atate ankakonda Mwana mwa Mzimu kuyambira muyaya. Sanatilenge chifukwa chosungulumwa.

Za pemphero lako la usikulo, Aefeso 2:18 akuti timafika kwa Atate kudzera mwa Mwana, mwa Mzimu mmodzi. Aroma 8 akuti pamene sukudziwa chopempha Mzimu amakupempherera, ndipo Khristu akukupembedzera kudzanja lamanja la Atate. Ngakhale utatopa mpaka mawu osatuluka, pempherolo silikudalira mphamvu zako zokha.

Tiwonge_Leeds
Zikomo amayi. Izi ndiye ndazimva.

Bambo_a_Chisomo
Chabwino, mafuwa anga ndawabweza kukhitchini. Koma pa Mzimu Woyera sitinakambe mokwanira. A Wofalitsa amati ndi mphamvu chabe ngati magetsi, eti?

Wofalitsa_Ndirande
Timati ndi mphamvu yogwira ntchito ya Mulungu. Baibulo limati anthu amadzazidwa nawo, umatsanulidwa. Munthu satsanulidwa.

Msabata_wa_Makwasa
Koma Aefeso 4:30 akuti musamumvetse chisoni. Machitidwe 13:2 akuyankhula kuti “mundipatulire Barnaba ndi Saulo.” 1 Akorinto 12:11 akugawa mphatso monga afunira. Mphamvu chabe imva chisoni bwanji, ifuna bwanji?

Mbiri_ndi_Malemba
Ndipo pamenepa tisaloze a Mboni okha. Ambiri a ife pakamwa timavomereza Utatu, koma m'zochita Mzimu Woyera tamusandutsa katundu. Tayang'anani mabotolo a mafuta ndi madzi odzozedwa amene akugulitsidwa m'misonkhano, kabotolo kakang'ono mtengo wake, kakakulu mtengo wake, ngati kuti Mzimu amayezedwa ndi malita. Munthu amene wamvetsa kuti Mzimu ndi Ambuye, wopembedzedwa pamodzi ndi Atate ndi Mwana monga chikhulupiriro cha 381 chimanenera, sangavomere kuti wina amusunge m'chikwama nkumamugawa kwa amene wapereka zambiri. Simoni wa ku Samariya anayesa kugula mphamvu imeneyo ndi ndalama pa Machitidwe 8, ndipo Petro anamuuza kuti atayike nazo ndalama zakezo.

Joni_Boy
Kuno ku Johannesburg botolo lake amalandira ndi pa khadi lomwe, makina ali pa guwa pompo.

Mphepo_ya_Mwera
Musakhudze odzozedwa a Mulungu abale.

Gogo_wa_Chilobwe
Palibe amene watchulidwa dzina apa. Ngati mwagula botolo, ingonenani mtengo wake tidziwe.

Mphepo_ya_Mwera
Anachita kundipatsa achemwali anga.

NaBanda_Area25
A Mbiri, ndakutumizirani uthenga kumbali. Ndikufuna mavesi a ubatizo aja muwalembe bwinobwino, ankhoswe akukumananso Lamulungu masana ndipo malume athu akufuna apite atawerenga.

Uthenga_wa_Madzulo
Muwalembere ndi Machitidwe 2:38 yomwe, musaidumphe.

Mbiri_ndi_Malemba
Ndiilemba, pamodzi ndi vesi 33 ya chaputala chomwecho, pomwe Petro yemweyo akuti Yesu wakwezedwa kudzanja lamanja la Mulungu, walandira kwa Atate Mzimu Woyera wolonjezedwa, nkumutsanulira pa anthu. Malume akawerenge zonse ziwiri.